Kamera Ibwere Pambuyo: Kwa Ana Ofuna Kujambula Miyambo ya ku Japan

Ana anga, ndamva kuti ena mwa inu mtima uli pa ntchito yojambula mafilimu a zochitika zenizeni, ndipo maso anu ali ku Japan. Sindikudabwa. Mwaonera pa foni mkulu akusula lupanga, moto ukuthetheka. Mwaonera Jiro Dreams of Sushi, filimu ya 2011 ya David Gelb, ya nkhalamba ya zaka 85 ikuumba mpunga ndi nsomba m'kanyumba kodyeramo ka mipando khumi, pansi pa nthaka ku Ginza. Filimu imeneyo idatsegulira mwini wake khomo la Netflix, ndipo chiyambire pamenepo aliyense wogula kamera amafuna mpeni wonyezimira, nthunzi ikukwera pang'onopang'ono, ndi nyimbo za vayolini kumbuyo. Sindikuinyoza, ndi yokoma. Koma sindifuna muyambire pamenepo. Alipo anthu ena amene mayina awo simuwapeza msanga pa YouTube, ndipo ndi iwowo adaonetsa kuti ntchitoyi imadya chiyani.

Woyamba ndi Himeda Tadayoshi, wobadwa mu 1928, yemwe adamwalira mu 2013. Adasulidwa ndi Miyamoto Tsuneichi, katswiri wa miyambo amene adatha moyo wake akuyenda m'midzi ndi m'zilumba za Japan, kugona m'nyumba za alimi ndi asodzi, kumvetsera. Mu 1976 Himeda ndi anzake adakhazikitsa kabungwe kotchedwa Minzoku Bunka Eizo Kenkyujo, ndipo adapanga mafilimu oposa 100 a moyo wa anthu wamba: ukwati wa Aainu a ku Hokkaido, mwambo wawo woperekeza mzimu wa chimbalangondo, alimi a ku Tsubayama m'chigawo cha Kochi amene ankaswa mphanje ndi moto m'mapiri. Koma imene ndikufuna muisunge mumtima ndi ya mudzi wa Okumiomote, m'mapiri a Niigata. Unali mudzi wa mabanja 42, ndipo boma linali litagamula kale zomanga damu. Aliyense ankadziwa kuti nyumba ndi minda zidzamira. Himeda sadapite kukafunsa nkhalamba ziwiri kuti zilire pamaso pa kamera n'kubwerako. Adapitako zaka zingapo, nyengo iliyonse, chifukwa moyo wa mudziwo sunali pamalo amodzi kapena m'mwezi umodzi. Chipale chofewa chikasungunuka, mabanja ankasamukira m'misasa ya kumapiri kukathyola ndiwo zam'tchire zotchedwa zenmai, kuziwiritsa, kuzifikisa, kuziyanika, ndipo ndalama zawo zambiri zinkachokera mmenemo. Inalipo nyengo yosaka zimbalangondo, inalipo yotola mtedza wam'nkhalango, inalipo yosema bwato kuchokera ku mtengo umodzi. Filimuyo idatuluka mu 1984. Chaka chotsatira anthu adasamuka, damu lidatha mu 2001, ndipo Himeda adawatsatira kumalo awo atsopano n'kupanga gawo lachiwiri. Wofuna kudziwa lero kuti munthu wa ku Okumiomote ankagwira bwanji nkhwangwa posema bwato, alibe woti akamufunse pamalopo. Pali madzi okhaokha.

Mukuona chimene ndikukuuzani? Muyeso wochepetsetsa wa ntchitoyi ndi chaka chathunthu, ndipo kawirikawiri chaka chimodzi sichikwana. Tengani urushi, utomoni umene amapakira mbale zakuda ndi zofiira zija. Ku Joboji, m'chigawo cha Iwate, mtengo wake umatenga zaka pafupifupi 15 kuti ukhwime. Wokanda amayamba kuucheka timizere mu Juni, amabwererako masiku angapo alionse mpaka cha mu Okutobala, ndipo mtengo wonsewo umapereka magalamu pafupifupi 200 basi, kenako amaudula kuti uphukire mwatsopano. Utomoni wa kumayambiriro, wa pakati ndi wa kumapeto kwa nyengo sufanana, ndipo aliyense ali ndi ntchito yake. Munthu wobwera ndi kamera kwa mlungu umodzi amajambula dzanja likukanda khungwa, n'kupita akuganiza kuti waona. Waona mzere umodzi.

Ogawa Shinsuke adapita nazo patali kuposa apo. Iye ndi gulu lake, Ogawa Pro, adayamba kutchuka mu 1968 pojambula alimi a ku Sanrizuka amene ankakana kulandidwa minda kuti pamangidwe bwalo la ndege la Narita. Adakhala nawo zaka, akuima mbali ya alimi pamene apolisi akubwera. Kenako adadzifunsa funso lowawa: tikujambula alimi, koma kodi mpunga tikuudziwa? Chapakati pa zaka za m'ma 1970 gulu lonse lidasamukira ku Magino, m'chigawo cha Yamagata, n'kuyamba kulima lokha. Adakhalako zaka zoposa khumi. Mu 1980 chilimwe chidazizira, mpunga wa m'mudzi wa Furuyashiki sudabereke. Iwo, poti tsopano anali alimi, sadakhutire ndi kujambula nkhope zachisoni. Adayeza kutentha m'minda, adaika duwa la mpunga pansi pa maikulosikopu, adaumba chifanizo cha chigwa chonse n'kuthiramo nthunzi yozizira kuti aone njira imene mphepo yoipayo inkatsikira. Akuluakulu a m'mudzi ataona kuti anyamatawa akuvutika ndi chinthu chomwe chikuwasowetsa iwo tulo, adamasuka n'kuyamba kusimba za makala, za mbozi za silika, za nkhondo. Filimu ya Furuyashiki, ya 1982, ndi ya maola atatu ndi theka, ndipo ola lake loyamba ndi la mpunga.

Koma musamupembedze Ogawa. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Pamene ankamwalira mu 1992, gulu lake linali m'ngongole zosaneneka, zambiri zobwerekedwa ndi anyamata omwewo kwa abale awo ndi anzawo. Ankagwira ntchito osalandira malipiro. Akazi a m'gululo ambiri adathera kukhitchini. Barbara Hammer adawafunsa otsalawo mu filimu yake ya 2000 yotchedwa Devotion, ndipo zina zimene adanena n'zomvetsa chisoni. Kwa Ogawa tengani kudekha ndi kulemekeza munda. Kadyedwe ka thukuta la anzanu kasiyeni komweko. Wokunyamulirani maikolofoni naye ali ndi mimba.

Atsikana, musaganize kuti ndikulankhula ndi alongo anu okha. Haneda Sumiko, wobadwa mu 1926, adayamba ntchito ku kampani ya Iwanami pa nthawi imene mkazi wowongolera filimu anali wosowa. Mu 1982 adatulutsa filimu ya maola atatu ya kagura, gule wopatulika wa midzi iwiri, Take ndi Otsugunai, m'tsinde mwa phiri la Hayachine. Chimene ndimaikondera n'chakuti sadawajambule ovinawo ngati milungu yokhayokha. Tikuwaona ali kumunda, ali pa ntchito zawo, akudandaula za ndalama ndi za ana othawira kutauni, kenako munthu yemweyo wavala chigoba ndipo thupi lake lasanduka lina. Pambuyo pake Haneda adatsatira katswiri wa zisudzo za kabuki, Kataoka Nizaemon wachi 13, m'zaka zake zomaliza, maso atachita khungu koma akukwerabe pa nsanja. Filimu imeneyo ili m'magawo asanu ndi limodzi, maola oposa khumi. Komabe dziwani kuti pali makomo amene adzakutsekerani chifukwa ndinu akazi. Ku phiri la Omine salola mkazi kukwera. Chilumba cha Okinoshima n'chimodzimodzi. M'bwalo la sumo mkazi saponda, moti mu Epulo 2018 ku Maizuru, meya atakomoka ali m'bwalomo, amayi amene adathamangira kukamutsitsimutsa adauzidwa pa chimkuzamawu kuti atuluke, ndipo akuluakulu a sumo adapepesa pambuyo pake. Koma aliponso makomo amene mwamuna sangalowe mosavuta. Cláudia Varejão, mayi wa ku Portugal, adakhala ndi ama, amayi a ku Mie amene amamira m'nyanja popanda botolo la mpweya kukazula nkhono, ndipo adajambula ngakhale macheza awo a pamoto akavuuka. Mwamuna akadakhala pamenepo, nkhani zikadasintha.

Tsopano chinenero. Pano sindinyengerera. Wofuna kujambula miyambo ya ku Japan kudzera mwa womasulira akufuna kudya ndi dzanja la mnzake. Phunzirani Chijapani mpaka mufike pa mayeso a N2 kapena N1, mudziwe zilembo za kanji 2,136 zimene nyuzipepala imayembekeza kuti mukuzidziwa, mudziwenso kalankhulidwe kaulemu, chifukwa kalata yopempha wansembe kuti mujambule pakachisi silembedwa ngati uthenga wa pa WhatsApp. Mukafika pamenepo mudzapeza kuti agogo a ku Tsugaru akulankhula zimene ngakhale wailesi ya kanema ya ku Tokyo imaziikira mawu olembedwa m'munsi. Musataye mtima. Pezani mdzukulu wa m'mudzi momwemo akhale nanu pomvetsera zomwe mwajambula, ndipo mumulipire. Chofunika n'chakuti pamene nkhalamba yaima pakati pa chiganizo, mudziwe ngati yamaliza kapena ikusaka mawu. Womasulira amadumphira pa kachetechete ameneyo, pomwe nthawi zambiri chimene mudadzera chimatuluka iye akatha.

Kalowedwe ka m'mudzi kali ndi njira yake. Pafupifupi gule aliyense, chikondwerero chilichonse, chili ndi kagulu kochisunga kotchedwa hozonkai, ndipo kali ndi mkulu wake. Ku ofesi ya boma ya dera, nkhani za chuma cha makolo kawirikawiri zimakhala m'manja mwa nthambi ya maphunziro, ndipo wogwira ntchito kumeneko ndi amene angakulozereni khomo loyenera. Musadzitengere nokha kwa mkulu. Pezani wokuperekezani, chifukwa kumeneko munthu amalandiridwa pa dzina la amene wabwera naye, ndipo mukalakwa manyazi amagwera iyeyo. Ulendo woyamba nyamulani kabokosi ka maswiti ndi kakhadi ka dzina lanu, kamera isiyeni m'chikwama. Pa chikondwerero pamaperekedwa mowa wa sake m'mabotolo aakulu a malita 1.8, dzina la wopereka litalembedwa papepala, perekani anu. Nyamulani nawo mipando, sesani, kolopani. Mwambo ukatha pamakhala phwando lotchedwa naorai, pamene amadya ndi kumwa zimene zidaperekedwa kwa milungu. Mukaitanidwa khalani mpaka kumapeto, thirirani akulu mowa ndi manja awiri, ndipo musajambule. Chilolezo chenicheni chimaperekedwa pamenepo. Chikalata chosainira chimangotsatira.

Miyamoto, mphunzitsi wa Himeda uja, adalemba mu 1972 za kuwononga kumene ofufuza amasiya m'midzi: kubwereka zikalata zakale osabweza, kupanikiza nkhalamba ndi mafunso mpaka inene zomwe wofunsayo akufuna, kulanda nthawi ya kumunda. Midzi imakumbukira. Mukalandiridwa mozizira, mwina si inu. Mwina ndi wina amene adadutsapo zaka makumi atatu zapitazo n'kusiya mlomo m'malo mosiya phazi.

Pali chinthu chimodzi chimene mwana wa Mchewa amapita nacho ku Japan chomwe wophunzira wa ku London kapena New York ayenera kuchita kuphunzira movutikira. Mudakula mukudziwa kuti Gule Wamkulu amavina pabwalo anthu onse akuona, koma za kudambwe sizinenedwa, ndipo wovula chilombo pagulu wapalamula mlandu kwa mudzi wonse. Ku Japan mudzapeza zofanana. Ku Oga, m'chigawo cha Akita, usiku wa pa 31 Disembala kumatuluka Namahage, zigoba zoopsa kumaso, zovala za udzu, kulowa nyumba ndi nyumba kusaka aulesi ndi ana osamvera, mwini nyumba n'kuzipepesa ndi sake ndi chakudya. UNESCO idazilemba m'kaundula wake mu 2018, pamodzi ndi miyambo ina ya milungu yodzacheza, monga idachitira ndi gule wathu mu 2008. Namahage amalola kamera. Koma kummwera kwenikweni, m'zilumba za Yaeyama, kuli Akamata ndi Kuromata, milungu ya zokolola imene imasungidwa ndi amuna olowa m'chinsinsi okhaokha, ndipo kumeneko kujambula chithunzi, kujambula mawu, ngakhale kulemba chifanizo papepala n'koletsedwa. Ku Ise, pamene mulungu akusamutsidwa kuchoka m'kachisi wakale kupita m'watsopano, zimachitika usiku, nyali zitazimitsidwa, nsalu yoyera ya silika itatchinga. Mukauzidwa kuti apa ayi, tsitsani kamera pomwe onse akuona, muike chivindikiro pa galasi. Musanamizire kuti yazima uku kanyali kofiira mwakabisa ndi chala. Filimu imene ikuonetsa anthu akudikira panja, nkhope zawo, ndi phokoso lochokera kuseri kwa nsalu, imanena zoona zambiri za mwambowo kuposa imene yaba cham'kati, pakuti kubisako ndi mbali ya mwambo.

Wina anena kuti, nanga The Cove? Filimu ya 2009 ya Louie Psihoyos idajambulidwa ndi makamera obisidwa m'miyala yabodza pagombe la Taiji, kuonetsa asodzi akupha ma dolphin, ndipo idapata mphoto ya Oscar mu 2010. Inde, pali nthawi imene mtolankhani ayenera kubisa kamera kuti aulule choipa, ndipo za kuphako aliyense ali ndi maganizo ake. Koma imeneyo ndi ntchito ina, yomenya nkhondo. Asodzi a ku Taiji mufilimumo ndi nkhope zokalipa chabe, sitimva kuti kwawo amadya chiyani, amapemphera bwanji, adayamba liti kusaka anamgumi. Pambuyo pake tauniyo idadzaza alendo onyamula makamera ndi apolisi owalondera, ndipo Sasaki Megumi, pofuna kumva mbali zonse mu filimu yake ya 2016 yotchedwa A Whale of a Tale, adatenga zaka kuti anthu ayambe kumuyankha. Sankhani msanga kuti ndinu yani. Simungakhale mlendo wodya pa naorai ndi kazitape nthawi imodzi. Ndipo amene mukumujambula adziwe filimu yonse imene akulowamo. Li Ying adajambula mkulu wosula malupanga wa zaka 90 mu filimu yake ya kachisi wa Yasukuni, malo a mikangano ya nkhondo, ndipo mu 2008 kudabuka phokoso lalikulu: nyumba zina za kanema zidakana kuionetsa, ndipo anthu adakangana ngati mkuluyo adamvetsa kuti nkhope yake idzaikidwa pambali pa chiyani.

Tsoka lina ndi lokometsera. Mlendo amafika ndi Japan wake m'mutu, wa maluwa a cherry ndi amonke osalankhula, ndiye amasuntha kamera kuti ndowa ya pulasitiki isaoneke, amapempha mmisiri avule jekete la nayiloni. Musatero. Ndowayo ndi imene ikunena kuti mwambowu uli moyo chaka chino. Soda Kazuhiro adapita ku Ushimado kukajambula malo oswera nkhono za oyster, ntchito yakale ya mabanja a m'mphepete mwa nyanja, ndipo adapeza kuti ana a eni ake sakuifuna, manja atsopano ndi a antchito ochokera ku China. Adajambula zimenezo, ndipo filimu yake ya 2015, Oyster Factory, ili ndi mafuta chifukwa cha zomwezo. Soda ali ndi malamulo ake: safufuza asanapite, salemba dongosolo, saika mawu a wofotokoza kapena nyimbo. Awiri omalizawo ndimagwirizana nawo kwambiri. Loyambalo ndi la mwana wa m'dzikomo, amene adayamwa zambiri ali kumsana. Inu werengani, safunsa adadya phula.

Ndipo nkhani yaikulu ya miyambo ya ku Japan lero ndi ukalamba. Pafupifupi anthu 29 mwa 100 alionse ali ndi zaka 65 kapena kuposa, ndipo m'midzi yambiri ya kumapiri oposa theka ndi a msinkhu umenewo. Chikondwerero cha Sominsai cha pakachisi wa Kokusekiji ku Iwate, chimene amati chidakhala zaka zoposa chikwi, chidachitika komaliza mu Febuluwale 2024, osati chifukwa chosowa oonerera, pakuti ankadzaza, koma chifukwa okonzekera kuseri adakalamba. Pa 1 Januwale chaka chomwecho chivomezi chidagwedeza Noto, moto udapsereza msika wa ku Wajima, ndipo amisiri ambiri a mbale za urushi adataya nyumba ndi zipangizo. Ntchito ilipo yochuluka, ndipo sidikira. Koma musafike ngati khwangwala pamaliro. Funsaninso za amene akubwera: mtsikana wochoka ku Osaka kudzaphunzira kuluka, mudzi umene wayamba kulola akazi kuvina chifukwa anyamata atha, mkangano umene zimenezo zabweretsa.

Za ndalama ndinene mosabisa: ntchitoyi silemeretsa. Ambiri amayambira m'makampani opangira mapulogalamu a wailesi ya kanema ngati othandizira, kunyamula katundu, kugula chakudya, kugona pampando. Wailesi ya kanema ya NHK ndiyo imajambula miyambo kwambiri, kuyambira pa pulogalamu ya Shin Nihon Kiko ya 1963 mpaka Shin Nihon Fudoki ya masiku ano. Boma nalo limapangitsa mafilimu. Moto utawononga zojambula za pakhoma m'kachisi wa Horyuji mu 1949, adakhazikitsa lamulo la 1950 loteteza chuma cha makolo, ndipo kuyambira 1955 amasankha amisiri ndi akatswiri otchedwa ningen kokuho, amene amalandira mayeni 2 miliyoni pachaka kuti aphunzitse ena. Luso lawo limasungidwa pa filimu, ndipo mabungwe monga la Pola amalipiranso ntchito zotere. Filimu yanuyanu mudzaipezera ndalama pang'onopang'ono: thumba la boma lothandiza zaluso, kupempha pa intaneti monga adachitira Erik Shirai ndi The Birth of Saké, kukaonetsa ganizo lanu kwa ogula pa msonkhano wa Tokyo Docs umene udayamba mu 2011. Ikatha, yesani chikondwerero cha mafilimu cha ku Yamagata, chimene Ogawa adathandiza kuyambitsa mu 1989 ndipo chimachitika mu Okutobala zaka ziwiri zilizonse. Kenako pali tinyumba ta kanema tating'ono monga Pole Pole Higashi-Nakano ku Tokyo, ngakhale nato tikuvutika. Iwanami Hall, kumene mafilimu a Haneda ankaonetsedwa, idatseka mu 2022. Njira imene yadyetsa ambiri ndi ya magulu a anthu wamba amene amabwereka filimu n'kuionetsa m'holo ya kwawo, wopanga n'kubwera kudzayankha mafunso. Khalani ndi luso lachiwiri lodyera: kulumikiza zithunzi za ena, kujambula mawu, kumasulira. Ndipo chiphaso cha mlendo sichilola kugwira ntchito ya malipiro. Zimenezo zikonzeni musanakwere ndege.

Njira yochokera kuno ilipo, ngakhale ndi yopapatiza. Boma la Japan limapereka thandizo la maphunziro la MEXT kudzera ku ofesi za akazembe, kuphatikizapo ya ku Lilongwe. Sukulu zilipo: ya ku Kawasaki imene idachokera ku sukulu yomwe Imamura Shohei adatsegula mu 1975, ndi nthambi ya mafilimu ya Tokyo University of the Arts ku Yokohama. Achinyamata a ku Japan odzipereka kudzera ku JICA akhala akubwera ku Malawi kuyambira 1971, moti woyeserera naye chinenero mwina ali pa sukulu kapena pachipatala cha kwanu konko. Koma wosankha ophunzira adzafuna kuona chimene mudajambulapo. Musadikire Japan. Pitani kwa woumba mbiya wa kwanu ndi foni yomwe muli nayoyo, mumutsatire kuyambira kokumba dothi mpaka kowotcha. Mukalephera kukhala chete maola atatu pambali pa agogo anu omwe, simudzatha pambali pa agogo a eni.

Pa kajambulidwe ndili ndi zochepa. Anthu a nthawi ya Himeda ankajambula pa filimu ya mamilimita 16, ndipo mpukutu umodzi wa mapazi 400 unkatha m'mphindi 11, ndalama zikupsa. Ankayamba aona kaye ntchito kangapo, adziwe kuti dzanja lipita kuti, kenako n'kuyatsa. Inu muli ndi makhadi osadzaza, ndiye mumajambula chilichonse osaona kanthu. Onani kaye. Jambulani ntchito yonse kuyambira poyamba mpaka pomaliza, osadula pakati, thupi lonse likuoneka, chifukwa luso la mmisiri lili m'chiuno ndi m'mapazi monga lilili m'zala. Musamuuze abwereze, chobwerezedwa chimaoneka. Ndalama zanu zoyamba zipite ku maikolofoni yabwino osati ku galasi lodula. Mpala matabwa wa pakachisi amamva ndi khutu ngati mpeni uli wakuthwa, wofulula sake amamvetsera thovu mumtsuko, ndipo mukaphimba zimenezo ndi nyimbo mwachotsa theka la zomwe iye akudziwa.

Filimu ikatha, oyamba kuiona akhale eni ake, m'holo ya m'mudzi mwawo, isanapite ku chikondwerero chilichonse. Adzaseka pamene simunayembekezere, adzakuuzani kuti dzina ili mwalakwitsa, kuti gawo ili lidayenera kutsogola. Wina adzapempha muchotse malo ena. Mverani chifukwa chake. Ngati ndi chinsinsi cha mwambo kapena ulemu wa womwalira, chotsani. Ngati akungofuna kuoneka bwino, kambiranani, mufotokoze, ndipo nthawi zina muumirire mwaulemu.

Kenako sungani. Pa chilumba cha Kudaka ku Okinawa kunali mwambo wa Izaiho, wochitika kamodzi pa zaka 12, wolowetsa amayi a zaka 30 mpaka 41 obadwira pachilumbapo mu unsembe. Udachitika komaliza mu 1978. Mu 1990 amayi oyenera adasowa, ndipo sunachitikenso. Zimene ojambula adasunga mu 1966 ndi 1978 zikugwira ntchito lero chifukwa mipukutuyo idasamalidwa. Zanu zili pa kachipangizo kamene kangafe m'zaka zochepa. Khalani ndi makope atatu m'malo osiyana, ndipo muziwasamutsira pa zipangizo zatsopano nthawi ndi nthawi. Kope limodzi, la zonse zimene mudajambula osati filimu yodulidwa yokha, lisiyeni kwa a hozonkai kapena ku laibulale ya deralo. Pa fayilo iliyonse lembani tsiku, malo, dzina la gule kapena la chipangizo monga eni amalitchulira, ndi mayina a onse ooneka, m'zilembo zawo, mutawafunsa kalembedwe kake.

Amene akufuna ntchito yoti ayambe kuiwerengera zaka, kachisi wa ku Ise amamangidwa mwatsopano zaka 20 zilizonse. Kusamutsa kwachi 62 kudachitika mu 2013, kotsatira kudzakhala mu 2033, ndipo miyambo yoyambirira, yopempha kumapiri kuti adule mitengo, idayamba kale mu 2025. Zam'kati mwa mpanda n'zovuta kuzifikira. Koma kunja kuli anthu a m'tauni amene amakoka mitengo ndi zingwe, odula udzu wofolerera, osula misomali, oluka nsalu, ndi anyamata amene akuphunzira tsopano kuti adzatsogolere mu 2053. Mmodzi wa amenewo akhoza kulola kuti mumutsatire, mukamupempha m'chinenero chake.